Sefa ya Mkazi Mnzawo

Dzina lawo lenileni lili m'kaundula wa mpingo ndi pa chiphaso choyendetsera galimoto, koma mumsewu wawo palibe amene amalitchula. Onse amangoti Anabanzi. Anayambitsa dzinali ndi mwamuna wawo, tsiku lina atawapeza ufa uli mbuu mpaka m'nsidze, ndipo dzina la nthabwala likakumata silichokanso.

Anayamba kuphika mabanzi ali ndi ana awiri, mu mgolo wodula pakati. Pamene ana ankakwana asanu anali atamangitsa uvuni wa njerwa kuseri kwa nyumba, pafupi ndi thandala la mbale. Sanali munthu wofewa. Mtanda ukakana kufufuma ankaukalipira ngati mwana, ndipo wogula akatola banzi n'kulibwezera m'thireyi ankamufunsa pamaso pa anthu kumene manja akewo achokera. Ena ankawaopa, komabe mawa lake ankabweranso, chifukwa banzi la Anabanzi linkalemera chimodzimodzi Lolemba ndi Loweruka.

Mwamuna wawo anali dalaivala pa kampani ya matabwa. Atapuma ntchito anagula kapikapu kakale koyera, ndipo Loweruka lililonse ankalowa pansi pake m'mawa n'kutuluka dzuwa litapendeka, kunja kukuoneka miyendo yokha. Anabanzi anaitcha galimotoyo mkazi mnzawo. "Pitani kwa mkazi mnzanga akakuphikireni," ankatero bamboyo akafunsa chakudya manja ali bii. Matenda a shuga atayamba kuwononga maso a bamboyo, anawaphunzitsa akazi awo kuyendetsa pa bwalo la mpira, akukangana pa giya iliyonse. Koma boneti sanawalole kutsegula. "Uvuni wanu ine sindiugwira," ankatero. Anamwalira zaka zinayi zapitazo, n'kuwasiyira galimotoyo ndi bokosi la masipanala.

Galimotoyo ndiyo inawapezetsa ntchito ya kusukulu. Pamwamba pa chitunda, kunja kwa tauni, panali sukulu yogonera komweko imene inkafuna mabanzi tsiku lililonse kuyambira Lolemba mpaka Lachisanu, afike belu la teni koloko lisanalire. Ntchito imeneyi ndiyo inkadyetsa pakhomo ndi kuphunzitsa mwana wawo womaliza.

Tsono mkazi mnzawo anayamba kudwala. Pachidikha galimoto inkayenda bwinobwino, koma ikafika pa chitunda cha kusukulu inkatsokomola, kunjenjemera, n'kuzima. Ikapuma pang'ono inkalira, kukwera pang'ono, n'kuzimanso. Lachiwiri Anabanzi anafika ana atabwerera kale m'makalasi. Lachisanu zinachitikanso.

A Matroni, amene ankayang'anira khitchini ya sukulu, anawaitanira pambali.

"Anabanzi, ine ndi inu sitinadziwane dzulo. Koma ana amwa tiyi wopanda chotafuna kawiri sabata imodzi, ndipo a hedi andiitana kale. Lolemba mukachedwanso, ndiwapatsa a bekari ya m'tauni. Akhala akundinyengerera chaka chonse."

"Banzi lawo lodzaza mphepo lija?"

"Lodzaza mphepo, koma lofika nthawi yake."

Anabanzi ananyamula mathireyi awo n'kulowa m'galimoto.

Pobwerera anaima pa galaja ya a Yatha. Dzinali anawapatsa ndi madalaivala, chifukwa galimoto iliyonse yobwera pamenepo ankaimvetsera mutu utapendeka n'kuweruza kuti injini yatha.

"Mayi, iyi yatha."

"Simunatsegule n'komwe."

"Ndatsegula ndi khutu. Titsitse injini, milungu iwiri. Apo ayi ingondigulitsani, ndichotsemo matayala ndi zitseko. Galimoto imafuna mwamuna, mayi."

"Ndiye pamenepa mukufunsira ineyo kapena galimotoyo?"

Madalaivala amene anali pa benchi anafa nalo phwete. Koma kuseka sikukweza galimoto pachitunda, ndipo milungu iwiri Anabanzi analibe.

Madzulo a tsikulo anakhala m'galimoto pabwalo, natsegula kabokosi ka kutsogolo kufuna nsanza. Pansi pa nsanzazo anapeza kabuku ka chikuto chofiira, momwe malemu ankalembamo ndi pensulo chilichonse chimene aichita galimoto. M'masamba oyamba zilembo zinali zazing'ono ndi zowongoka. Chakumapeto, maso atayamba kufooka, zinali zazikulu ngati za mwana wa sitandade wani. Ndasintha oyilo. Ndasintha mapulagi. Ndasintha sefa ya petulo. Mawu omalizawa ankabwera chaka chilichonse, ndipo pa tsamba lina panali chithunzi chojambula pamanja chosonyeza pamene sefayo imakhala. Kulemba komaliza kunali kwa zaka zisanu zapitazo.

Anabanzi anaseka okha. Munthu amene sanagwirepo sefa kukhitchini moyo wake wonse, kani anali ndi yake pansi pa boneti!

Za injini sankadziwa kanthu, koma sefa ankaidziwa kuposa wina aliyense mumsewu umenewo. Ufa ukakhala wa chinyontho, maso a sefa amatsekeka. Ukathira pang'ono umadutsa. Ukathira kapu yodzaza umangokhala pamwamba ngakhale ugwedeze chotani. Pachidikha galimoto imamwa pang'ono. Pachitunda imafuna wambiri. Anatseka kabukuko.

Loweruka, atatha kuphula mabanzi a m'mawa, anathira madzi pa makala onse a mu uvuni, nasunthira galimoto kumaso kwa nyumba, kutali ndi moto. Anachotsa waya wa batire monga ankawaonera malemu akuchitira. Potsatira chithunzi chija anapeza kachitini kachitsulo, msinkhu wa kapu ya tiyi, kali pakati pa mapaipi awiri akuda. Anaika beseni pansi kuti petulo adontheremo. Timalamba tachitsulo tomanga mapaipi anatimasula ndi sikuludalaivala, n'kutiyala pa thireyi ya mabanzi, ka kumanzere kumanzere, ka kumanja kumanja. Paipi imodzi inakakamira. Anaipotoza pang'onopang'ono monga amachitira ndi chivindikiro cha botolo louma, mpaka inalola.

A Telala, oyandikana nawo nyumba, anasiya kupalasa makina awo pakhonde.

"Anabanzi, lero tidya mabanzi a oyilo?"

"Sokani zigamba zanu, achimwene."

Apa ndi pamene nzeru ya kukhitchini inawasocheretsa. Sefa sataya. Amaigogoda, kuichapa, kuiyanika, n'kuibweza pa msomali wake. Anabanzi anagogoda kachitiniko pachikhatho, ndipo munatuluka matope akuda amene anawasangalatsa kwambiri. Anathiramo madzi ofunda a sopo, nakhutchumula, natsukuluza kanayi mpaka madzi anatuluka oyera. Kenako anakayanika pa thandala pakati pa mapoto, mpaka dzuwa linafika paliwombo.

Anabwezera zonse m'malo mwake, nalumikiza batire, natembenuza kiyi. Galimoto inalira, inatsokomola kawiri, n'kuzima. Anayesanso. Inangokhosomola. Kachitatu sinayankhe n'komwe.

"Mwaipha?" anafunsa a Telala.

Anabanzi anakhala pa sitepe ya khonde manja ali m'masaya. Dzulo lake galimotoyo inkayenda, ngakhale pachidikha pokha. Lero, chifukwa cha manja awo omwe, sinkatha kutuluka pageti. Anaganiza za mathireyi a Lolemba, za mwana wawo kusukulu, ndi za a Yatha akupendeketsa mutu pamaso pa madalaivala onse aja.

Atakhala pang'ono ananyamuka, nachotsanso kachitiniko, nakatenga mpeni wotsegulira zitini za majarini. Chitsulocho chinali cholimba, chinawadula chala, koma chinatseguka. Ankayembekezera kuona waya wolukana ngati wa sefa yawo. M'malo mwake anapeza pepala lofiirira lopindapinda, litanyowa ndi kufewa ngati buledi wogwera mu tiyi.

A Telala anabwera kudzasuzumira. "Aa, mapinda abwino chonchi! Ngati siketi ya yunifolomu."

"Ndachapa pepala," anatero Anabanzi. "Chinkhalamba chonsechi, kuchapa pepala ndi sopo."

Anatsegulanso kabuku kofiira. Mawu anali pomwepo, chaka ndi chaka, osabisika: ndasintha. Palibe pamene malemu analemba kuti ndachapa. Anabanzi anali ataona mawu akuti sefa okha, enawo n'kuwadumpha, poganiza kuti nkhani ya sefa aidziwa kale.

Sitolo ya masipeyala inkatseka folo koloko. Anakulunga chitini chong'ambikacho m'pepala, nakwera minibasi osasintha n'komwe epuloni. Anafika mwini sitolo akulowetsa matayala a panja.

"Amakaniko anu akutumani chiyani, mayi?"

Anabanzi anafunyulula pepala lija pa kauntala. Mwini sitolo anayang'ana chitinicho, nayang'ana chala chomangidwa nsanza.

"Opaleshoni iyi wachita ndani?"

"Ine. Ndinaichapanso ndi sopo, musavutike kufunsa. Sekani msanga mundipatse ina."

Munthuyo sanaseke. Anapita kumashelefu, nabwera ndi kabokosi, natulutsa sefa yatsopano n'kuwaonetsa kamuvi kodindidwa m'mbali mwake.

"Muvi uwu uloze ku injini, osati ku thanki. Mukautembenuza mudzabwera kudzanditukwana ine wosalakwa. Tsono madzi anu aja apita kutsogolo. Kumene paipi imathera, pa kabyuleta, pansi pake pali kasikulu. Kamasuleni, zidonthe mpaka muone kuti akutuluka ndi petulo yekha. Moto usayandikire."

"Nenaninso, pang'onopang'ono."

Ananenanso. Anabanzi anabwereza mawu onse mokweza ngati mwana wa kalasi, osasamala za anthu awiri amene ankadikira kumbuyo kwawo.

Dzuwa linali lisanalowe pamene anamanga sefa yatsopano. Muvi anauyang'ana katatu, natsatira paipi ndi chala mpaka ku injini kuti atsimikize. Kasikulu kaja anakapeza movutikira, atagona chammbali pa thumba la ufa lopanda kanthu. M'kapu yagalasi imene anatchera munagwa petulo, ndipo pansi pake panakhazikika madzi, osasakanikirana naye. Anataya kutali, natcheranso, mpaka madzi anatha. Koma potembenuza kiyi batire inali itafooka ndi kuyesa kwa masana kuja.

"Achimwene, miyendo yopalasa makina ija lero igwire ntchito."

A Telala anaitana akazi awo, ndipo awiriwo anakankha galimoto kutsika ndi msewu, akutsutsana kuti akukankha kwambiri ndani. Anabanzi anaika giya yachiwiri, nasiya kilatchi. Galimoto inadumpha, inakhosomola, inatulutsa utsi, kenako inalira mosadukiza. A Telala anatsala pakati pa msewu atagwira mawondo.

"Banzi langa la mawa likhale lalikulu!" anakuwa.

Nkhaniyi siyofunika kuikuza. Kusintha sefa ya petulo si ntchito yaikulu. Amakaniko amaichita uku akucheza za mpira. Ndipo Anabanzi akanawerenga bwino mzere umodzi, sakanataya tsiku lonse ndi kudzicheka chala. Chimene tinganene n'chochepa: ataiwononga galimoto sanaibise kapena kunamizira wina. Anatsegula chitini kuti aone pamene alakwa, ndipo anakaulula kulakwako okha pa kauntala ya munthu wachilendo, anthu akumva. Ambiri a ife pamenepo timakanika.

Lamlungu, atachoka kutchalitchi, anakayesa chitunda chija ndipo galimoto inakwera. Koma inali itakweranso Lachitatu ndi Lachinayi, choncho mtima wawo sunakhale pansi. Panalinso vuto lina: manja ankanunkha petulo. Anawatsuka ndi sopo, ndi phulusa, ndi mandimu, nawanunkhitsa akazi a Telala kawiri asanalole kukhudza ufa. Chala chodulidwacho anachimanga bwino, ndipo mtanda anakanda ndi dzanja limodzi, zimene zinawatengera nthawi yaitali kuposa masiku onse.

Motero Lolemba ananyamuka mochedwerapo, mathireyi atasanjidwa kumbuyo ndi kuphimbidwa nsalu yoyera. Patsinde pa chitunda anapeza lole ya mchenga ikukwawa patsogolo pawo, ndipo msewu unali wopapatiza, wosapitirirana. Anatsitsa giya. Injini inabangula, ikufuna petulo wambiri nthawi imodzi. Anafika pa kamlatho pamene inazimira Lachisanu. Anabanzi anagwira chiwongolero mwamphamvu, khutu lili pa injini, akudikira kutsokomola kuja. Sikunabwere. Anadutsa kamlathoko, anadutsa mtengo umene anapumirapo Lachiwiri, ndipo lole itakhotera ku malo omanga nyumba anaponda mafuta mpaka pageti la sukulu.

A Matroni anali pakhomo la khitchini, akuyang'ana wotchi yapamkono. Belu linali lisanalire. Anthu ophika anayamba kutsitsa mathireyi.

"Ndamva kuti mwatsegula galaja," anatero a Matroni.

"Anthu amalankhula."

A Matroni anavundukula nsalu, natola banzi limodzi, nalifikitsa pamphuno. Analinunkhiza nthawi yaitali, kumwamba ndi kunsi. Anabanzi anaima chilili, dzanja lomangidwa chala lili kumbuyo. Kenako a Matroni ananyema banzilo, natafuna, nameza.

"Kuyambira mawa muwonjezere thireyi imodzi," anatero. "Aphunzitsi nawonso akufuna."