Msoko wa a Chiphaliwali

Dzina lawo lenileni ankalitchula ndi akazi awo okha. Kudoko aliyense ankangoti a Chiphaliwali, chifukwa cha moto umene unkathetheka akamawotcherera zitsulo. Zaka makumi atatu anazithera chogwada pa deki ya sitima imodzi yonyamula katundu, mpaka mawondo anachita zikang'a, maso n'kuyamba kuona ngati kunja kuli nkhungu.

Ambiri amayesa deki ndi pongoponda basi. Iwo ankakana. Ankati ndiyo imamanga nthiti za sitima, mbali iyi ndi inayo, kuti zisakanuke mafunde akalusa. Ndiyonso chivundikiro choletsa madzi kulowa m'mimba mwake.

Kenaka kunabwera bwana watsopano wa nsapato zonyezimira. Anaona kuti khomo la pa deki lotsitsira katundu n'lochepa, makina aakulu sakulowa, ndiye analamula kuti adule chitsulo, khomolo likule kawiri. A Chiphaliwali anavula chipewa n'kufotokoza mwaulemu kuti akadula pamenepo osaika mipiringidzo ina kunsi, sitimayo ithyoka msana.

"Madala, inu tinakulembani yowotcherera, osati yoganiza," anatero bwanayo.

Anzawo onse anangoti zyoli. Kunali kutatsala zaka ziwiri kuti a Chiphaliwali apume pantchito, choncho anangodula dekiyo ndi manja awo omwe, masiku anayi.

Paulendo wachitatu wa sitimayo, mng'alu unayambira pakona ya khomo lija n'kuthamanga mpaka m'mphepete. Mwamwayi palibe anafa, koma sitimayo inabwera mochita kukokedwa, m'kati muli madzi olekeza m'mawondo. Ofufuza anafunsa funso limodzi: anagwira ntchitoyi ndani? Kalata yochotsa ntchito a Chiphaliwali inati msoko umene anawotcherera pakhomopo unali wofooka poti maso anatha. Bwana uja anamukweza, anapita ku ofesi yaikulu.

Mkamwini wawo anawakakamiza kuti akadandaule. Iwo anangomufunsa kuti mboni akaitenga kuti, popeza onse amene anamva mawu aja ali ndi ana ofuna kudya. Nkhani inathera pomwepo.

Lero amawotcherera mageti ndi mawilibala kuseri kwa nyumba, akazi awo akuwagwirira chitsulo nkhope atatembenuzira kumbali. Za sitima safuna n'kuzimva komwe. Kasitomala akayamikira kuti ntchito yawo ndi yolimba, amapukuta manja pa ovolosi n'kuyankha osaseka.

"Musauze anthu, achimwene. Ine ndi wakhungu, zinalembedwa."