Lata la pamwamba pa bedi la Zebedee

Amene akuti Zebedee Manda anali wamisala abwere adzanenere pamaso panga, tione ngati abwerere ndi mano onse. Ine ndinakhala naye makomo oyang'anana ku Masasa kuno ku Mzuzu, ndipo ndikuti mutu wake unali bwinobwino. Vuto lake linali limodzi basi: chinthu akachigwira sankadziwa kusiya.

Kwawo kunali ku Nkhata Bay. Anabwera ku Mzuzu ali mnyamata, nkuyamba kukonza njinga pansi pa mtengo pafupi ndi msika. Sipoko yopindika ankaiwongola ngati akutonthoza mwana. Khadi la chipani ankayenda nalo m'thumba monga tonsefe masiku amenewo, koma zandale sankayankhula. Mkazi wake Keziya, amene tinkamutchula NyaLongwe, ankagulitsa zitumbuwa ku Katoto, mayi wosaseka zopusa. Nyumba yawo ya malata anaimanga ndi manja awo.

M'ma 1980 kunabwera Gideon, mkulu wina amene anakhalitsa kumigodi, ndi chiphunzitso chake cha Mphamvu ya Thambo. Ankati dzuwa, nyenyezi, mphezi ndi mpweya wa munthu zonse ndi mphamvu imodzi, ndipo munthu akadzitsegula mokwanira amalowana nayo, maso a mumtima nkupenya. Omutsatira tinkawatcha a Thambo. Mbandakucha ankaima opanda nsapato m'udzu wa mame, manja m'mwamba, du! Kuzizira kwa Mzuzu mukukudziwa inu. Ine ndinapitako kamodzi, zala za kumapazi zinandiuza kuti tiye kunyumba.

Zebedee analowa ndi mtima wonse. Anasiya mchere, anasiya fodya. Nditamufunsa chimene wapeza, anandiyankha motsitsa mawu, akunditchula ada, monga timalemekezerana amuna kuno kumpoto.

"Ada, tsiku lina ndinamva ngati khungu langa latha, ine ndi mphepo tili chinthu chimodzi. Kanthawi kochepa chomene. Ndikufuna ndikakhale kumeneko."

Munthu wokuuza zotere maso ali gwa, ungamuseke bwanji?

Kenako Gideon anatulutsa lamulo. Akuti lata limatchinga Mphamvu, wogona pansi pa malata ali ngati wailesi yovundikiridwa ndi mgolo. Aliyense wofuna kulowana nayo azule lata limodzi pamwamba pa bedi lake. Munali mu Okutobala, kukutentha, ndiye zinaoneka zanzeru. Zebedee anakwera nkuzula lake. Wapampando wa chipani m'dera mwathu anabwera kudzafunsa ngati bowolo ndi lolankhulira ndi zigawenga zakunja. Ndinamuyankha ndine, mokweza kuposa mmene zinkafunikira, kuti munthuyu amalankhula ndi nyenyezi ndipo nyenyezizo sizimuyankha. Anasuzumira m'mwamba, anapukusa mutu, anapita.

Koma Mzuzu ndi Mzuzu. Mvula ikayamba kuno imaiwala kwawo. NyaLongwe anapirira, akutchera mabeseni pabedi, akuyanika mabulangete osauma. Mwana wawo Rhoda atayamba kutsokomola, kupirira kunatha. Masana ena anandiitana.

"Alamu, bwerani mukhale mboni." Kenako anatembenukira kwa mwamuna wake. "A Manda, ine sindinakwatiwe ndi thambo. Lata libwerere lero. Apo ayi, mawa ndikwera basi ya ku Nkhata Bay ndi mwanayu, ndipo musadzanditumizire ankhoswe."

"NyaLongwe, ndatsala pang'ono. A Gideon akuti wotseka denga watseka mtima."

"Mtima wanuwo ukudonthera pa bulangete langa."

Ine ndinamukalipira Zebedee mpaka agalu a Masasa anayankha. Ndinamutchula mbuzi, ndinamutchula mutu wa pedulo. Zebedee anangovala jekete nkunena kuti akukapempha chilolezo kwa Gideon ku Nkhorongo. Ndinamutsatira, ndikukalipabe njira yonse.

Gideon ndisamunamizire. Nayenso denga lake linali lotsegula, ndipo anatilandira akuyetsemula. Anamvetsera zonse modekha.

"Mvula nayonso ndi Mphamvu, m'bale wanga," anatero. "Mkazi akafuna kupita, mlekeni apite, njira iyi ndi yopapatiza. Koma mukakhoma latalo, musadzaimenso pakati pathu."

Ndinatsegula pakamwa kuti ndimutsuke mkuluyo, Zebedee anandigwira mkono ndi dzanja lake lija lomangira mabawuti.

"Yewo, ada," anatero pothokoza Gideon. Basi.

Titabwerera kunyumba anati ndimubwereke hamala. Kunkawaza, malata akuterera, koma anakwera yekha, misomali ili pakamwa. NyaLongwe anali atamanga kale katundu m'chitenje, waima pakhomo, Rhoda ali kumsana. Sanayang'ane m'mwamba. Ankangomvetsera hamala. Itasiya kulira analowa m'nyumba, anaimirira pansi pa malo aja kudikira dontho. Silinagwe.

Zebedee anatsika ali chonyowa.

"Denga ndi lanu, NyaLongwe," anatero. "Koma mmawa ndi wanga. Kufunafuna sindinasiye."

A Thambo anasiya kumupatsa moni, ena ankawoloka msewu akamuona, njinga zawo nkumakakonzetsa kwina. Iye sanawadandaule, ndinkawatukwana ndine. Kuyambira pamenepo ankaima yekha kuseri kwa nyumba yake, pamtsetse woyang'ana kudambo, mvula kaya chifunga, mpaka tsitsi linachita imvi. Ndikamufunsa ngati wafika, ankati, "Yayi, ada. Mawa ndiyesanso."

NyaLongwe sanakwere basi ija. Chitenje anamasula tsiku lomwelo, ndipo lamulo lake linali limodzi, limene ndinkalimva mmawa uliwonse ndili kwanga: "A Manda, mupukute mapaziwo musanandilowere m'nyumba!"