A Yoramu ndi Mapaipi Osafuna Moto

A Yoramu Maliro anabadwira ku Mlangeni, kwa alimi a kachewere, koma ntchito yawo inali ya mipope. Ali mnyamata ankanyamulira zida mmisiri wina wa ku mishoni, ndipo kumeneko anaphunzira kuwotcherera mapaipi a mkuwa. Ankapala nsonga ya paipi mpaka iwale, n'kuyatsa gasi, kenaka n'kukhudzitsa mtovu kuti usungunuke ndi kulowa wokha mumpata. Zala zawo zinali zipsera zokhazokha. Ankakonda kunena kuti paipi yosalawa moto ili ngati mphika wosawotcha: umaoneka bwino, koma tathiramoni madzi muone.

Anagwira ntchito zaka makumi awiri ndi zisanu ndi ziwiri pa chipatala china chaching'ono cha m'mapiri. Ankakhala m'nyumba ya chipatala, ya zipinda ziwiri, pamodzi ndi akazi awo a Zelesi. Kumudzi analibe nyumba. Imene anamanga kale inagwa ndi mvula, ndipo malowo abale anabzalapo chimanga.

Chaka china, nthawi yozizira, abwenzi akufuna kwabwino anagulira chipatalacho matanki otenthetsa madzi ndi dzuwa, kuti amayi ongobereka kumene asamasambe madzi ozizira. Ntchitoyo anapatsa Chrispine, mmisiri wa ku Lilongwe, wa nsapato zoyera. Iyeyu anabwera ndi makina a batire okhala ndi nsagwada zachitsulo. Ukalowetsa paipi m'cholumikizira, makinawo ankaluma n'kupana, basi zatha. Moto ayi, mtovu ayi.

Mayi Selestina, oyang'anira chipatala, anaitana a Yoramu mu ofesi.

"Bambo Maliro, makinawa atisiyira. Wosamalira mipope kuyambira pano ayenera kuwadziwa. Akakukanikani, a Chrispine akuti ali ndi mlamu wawo wodziwa kale. Ndiye mukudziwa kuti nyumba imatsata ntchito."

"Ndamva, mayi," anatero a Yoramu, chipewa chili m'manja.

M'mawa mwake Chrispine anawaphunzitsa ali chiimire, akuyankha foni.

"Mwadula, mwasalaza, mwalemba mzere, mwalowetsa, mwadina apa. Vwiii, kha! Mwaona, madala? Ngakhale agogo anga akhoza."

Sanawauze kuti m'kati mwa cholumikizira chilichonse muli kamphete kakuda ka mphira, ndipo kuti kamphete kameneko ndi kamene kamatseka madzi. Maso a a Yoramu anali atayamba kuvuta pa zinthu zapafupi. Sanakaone. Anafuna kufunsa kuti nanga madzi akuletsedwa ndi chiyani, koma anachita manyazi kufunsa kwa munthu wa msinkhu wa mwana wawo.

Chrispine anawapatsa khonde lonse lopita ku chipinda cha amayi, malo olumikiza khumi ndi awiri. A Yoramu anagwira mosamala, lilime lili pakati pa mano. Anayeza, analemba mizere, anapana. Pofika masana anali atamaliza, ndipo panalibe cholakwika ngakhale chimodzi.

Anzawo atapita kukadya, iwo anatsala. Anagwira polumikiza pamodzi. Panali pozizira. Anagwira pena, chimodzimodzi. Mtima unakana. Anaganiza za madzi otentha akutsanukira mayi wonyamula khanda, anthu n'kumati ndi ntchito ya a Maliro imeneyi. Anati kuwonjezera mphamvu sikulakwa. Anapita kunyumba, n'kubwera ndi botolo lawo la gasi.

Anayatsa. Mkuwa unasintha mtundu monga ankaudziwira, mtovu unayenda mozungulira, ndipo kwa nthawi yoyamba sabata imeneyo anapuma bwino. Kunkamveka kafungo ngati ka tayala lopsa. Iwo anati ndi penti.

Ali pa cholumikizira chachisanu, Chrispine anatulukira pawindo akudya chipisi. Anaima. Anayang'ana moto uja, anayang'ana mkuluyo, n'kupukuta zala pa buluku. Kenaka anatulutsa foni n'kuyamba kujambula.

"Eee, madala! Mukutani?"

"Ndikungolimbitsa, bambo. Makina agwira mbali yawo, ine ndikugwira yanga."

"Zoona, zoona. Akuluakulu ndi m'dambo mozimira moto. Pitirizani. Musasiye ngakhale pamodzi, kwatsala kukonaku."

A Yoramu anamwetulira. Anaona ngati mwanayo wayamba ulemu. Anawotcha ponse, mpaka kukona kuja.

Itakwana thuu koloko, Chrispine anaitana mayi Selestina. Anaitananso anamwino, alonda, ndi amayi odikirira amene ankawothera dzuwa panja, kuti adzaone madzi otentha oyamba. A Yoramu anaima kutsogolo, atamanga batani lapakhosi.

"Tsegulani nokha, madala. Ntchito ndi yanu."

Anatsegula. Poyamba kunali zii. Kenaka polumikiza poyamba panayamba kulira misozi, pachiwiri panathovoka, ndipo posakhalitsa khonde lonse linali mvula. Madzi anayenderera mpaka pansi pa mabedi. Amayi anathawa atakweza zitenje, namwino wina akukuwa kuti anyamule makatoni a mankhwala.

Chrispine sanathamangire kukatseka. Anadikira kaye. Atatseka, anadula cholumikizira chimodzi, n'kukolowola ndi msomali kanthu kakuda kofumbutuka ngati khala.

"Mayi, iyi inali mphira. Akuluwa aiphika." Anatembenukira kwa a Yoramu. "Munathira mchere, madala? Kapena tidye yosakoleretsa?"

Alonda anaseka mpaka kugwira mawondo. Mayi wina woyembekezera anati, "Iii, agogo, mukanatiwotchera chimanga bwenzi tikuthokoza."

"Simunandiuze za mphira," anatero a Yoramu. Mawu anatuluka pang'ono.

"Munandifunsa?"

"Koma munandiona. Munati ndipitirize."

"Ine ndingaletse bwanji mmisiri wa zaka makumi awiri ndi zisanu ndi ziwiri? Ndine mwana, ine."

Mayi Selestina sanakweze mawu. Anayang'ana madzi amene anali atawanyowetsa nsapato, n'kunena kuti a Yoramu atenge kalata yowachotsa ntchito mawa, ndipo nyumba ikhale yopanda munthu pakutha pa mwezi.

Kanema uja anayenda m'mafoni. Loweruka, a Zelesi atapita ku Lizulu kukagula kabichi, wogulitsa anawaonetsa akuseka, osadziwa kuti ndi akazi a mkulu wa m'kanemayo. Anaonera mpaka kumapeto, analipira, n'kubwerera. 

Kutatsala masiku anayi kuti mwezi uthe, mlamu wa Chrispine anafika ndi mkazi wake. Anapeza a Yoramu akumanga mabulangete ndi chingwe. Sanaodire. Mkaziyo analowa mpaka kuchipinda, anayang'ana denga, anagogoda khoma, n'kutulutsa tepi m'chikwama.

"Agogo, tagwirani uku," anatero. "Ndikufuna ndiyeze makatani."

A Yoramu anasiya chingwe, n'kugwira.