Mbusa Wopanda Nkhosa Pamapewa

Abale ndi alongo a mpingo wa kutsidya kwa mtsinje wa Tiberi, akulu a mpingo andipempha kuti ndinene za moyo wa mayi Sekundila, amene tinawaika sabata ya Pasaka ku manda athu a pansi pa nthaka, ku msewu wa Apiya. Ine ndine Leonsio, mdzukulu wokumba manda. Kulankhula pagulu si ntchito yanga, yanga ndi piki ndi dengu la dothi. Koma mayiwa ndinagwira nawo ntchito kuyambira tsitsi langa lili bii mpaka lero latha ndi kutha komwe, ndiye ndinena zimene ndinaona ndi maso angawa.

Mayi Sekundila anabadwira mu ukapolo, kwa munthu wina amene ankaotcha njereza kunja kwa mzinda. Atate awo sanawadziwe. Amayi awo ankasefa mchenga ndi kukanda njereza, ndipo mwanayo anakulira m'fumbi loyera lomwelo. Njereza imadya manja, mukudziwa inu. Asanathe n'komwe msinkhu, zala zawo zinali zitang'ambika kale ngati chidendene cha mlimi. Za Yesu anazimva kwa kapolo mnzawo wa ku Siriya amene ankaimba masalimo popita kotunga madzi. Anabatizidwa ali mtsikana, ndipo mbuye wawo atamwalira anamasulidwa.

Atamasulidwa anabwera kwa ife kumanda kudzapempha ntchito. Ife tikakumba khoma n'kugoneka maliro, iwo ankatseka ndi matailosi n'kumata njereza. Ambiri mwa ife sitidziwa kuwerenga, ndiye ofedwa amabwera ndi kanthu, kaya chigoba cha nkhono, kaya kachidole ka fupa, kaya mkanda, n'kukanikiza pa njereza kuti mawa adzazindikire pamene pagona wawo. Mayi Sekundila sankalola kuwakanikizira. Ankagwira dzanja la wofedwayo n'kunena kuti, "Kanikizani nokha, mayi, ikadali yaiwisi. Ikauma silandiranso kanthu."

Kumandako n'kumene anakumana ndi a Zosimo, Mgiriki wojambula zithunzi pamakoma. Ha, munthu uja anali ndi dzanja! Anali ndinso pakamwa. Yona wa pazithunzi zake ankatuluka m'kamwa mwa chinsomba ngati akuchokera ku ukwati. Tsiku lina ndinawamva akuti, "Chemwali, khoma ili mwamata mokhota."

"Khoma langa n'lowongoka, bambo," anayankha mayi Sekundila. "Okhota ndi maso anu, amwa vinyo m'mawa muno."

Pasanathe chaka tinawadyera ukwati. Kuyambira pamenepo ankagwira ntchito limodzi, ndipo ntchitoyo ili ndi lamulo lake. Utoto umalowa m'khoma pokhapokha njereza ili yaiwisi. Ukapaka pouma umangokhala pamwamba, kenako umasuwa. Choncho mkazi ankamata pongokwanira kujambula tsiku limenelo, mwamuna n'kutsatira ndi burashi yake isanaume. Wina sakanatha popanda mnzake.

Chaka chimene linatuluka lamulo loti munthu aliyense akafukize lubani kwa milungu ya mzinda, iwo anali akukongoletsa kachipinda kena m'mandamo. A Zosimo anajambula Mbusa Wabwino, mnyamata wa malaya aafupi, manja atakweza m'mapewa kuti agwire miyendo ya nkhosa. Nkhosayo anaisiyira mawa lake, poti ankati ubweya umafuna dzanja lopumula. Pamapewapo panatsala pokhakhala, posamata. Mawa limenelo silinafike, chifukwa m'mawa mwake asilikali anawatenga onse awiri kupita nawo ku phiri la Kapitolo. Mayi Sekundila anali oyembekezera.

Zimene zinachitika kumeneko achikulire mukuzidziwa. Pamzere, patsogolo pawo, panali m'bale wina amene anakana, ndipo a Zosimo anaona zimene anam'chita. Itafika nthawi yawo anatsina lubani ndi zala zitatu n'kuponya pamoto. Mayi Sekundila anakana, anangopinda manja. Anawamenya n'kuwatsekera m'ndende, ndipo m'menemo anabereka mwana wamkazi, namutcha Irene. Mwanayo sanakhalitse. Alongo anam'tulutsa atam'kulunga m'kansalu, ndipo ine ndi amene ndinam'kumbira, pansi pa mapazi a Mbusa uja. Kalanga ine, kamanda kake kanali kochepa kuposa mkono wangawu.

Lamulo litazirala anawamasula, mwendo umodzi utalumala, mano akutsogolo atatha. Kunyumba anapeza kuli zii. A Zosimo anali atathawira ku Ositiya, kudoko, osatsanzika munthu. Mayiwo sanalire pamaso pathu. Anapempha kuti tiwaperekeze kwa mwana wawo, anamata kanjereza katsopano pakona pa tailosi, n'kukanikizapo kabelu kakang'ono kamene anagulira mwanayo asanabadwe.

Masiku amenewo mpingo unang'ambika pakati. Ena ankati amene anafukiza alandiridwe akalapa, ena ankati ayi, wagwa wagwa. Wolimba kwambiri anali bambo Akwilino, mkulu wa mpingo amene msana wake unali zipsera zokhazokha za zikoti. Munthu wotere ukam'tsutsa bwanji? Tsiku lina anatsikira m'kachipinda kaja ali ndi anthu angapo.

"Chithunzi ichi chipalidwe," anatero. "Dzanja limene linachijambula ndi lomwe linatsina lubani. Ndiponso ndi Mbusa wamtundu wanji wosenza mphepo? Ana akumuseka."

Mayi Sekundila anaika pansi mphika wawo wa njereza. "Bambo Akwilino, mabala anu ndimawalemekeza, anganso mukuwadziwa. Koma pansi pa Mbusayu pagona mwana wanga, chonde musamupale. Sakusenza mphepo ayi. Akadafunafuna."

"Akufunafuna mbuzi imene ija?"

"Iye mwini ndi amene akudziwa chimene anataya."

Bambo Akwilino anatuluka akupukusa mutu, koma chithunzicho sichinapalidwe. Ojambula ena anadzipereka kuti amalize nkhosayo ulere, mayiwo n'kumangothokoza. "Zikomo, achimwene, koma malo awa ali ndi mwini wake."

Apa ndi pamene anayamba mwambo wawo. Chaka chilichonse Pasaka ikayandikira ankatuma uthenga ku Ositiya kudzera kwa amalinyero a pamtsinje, mawu ake omwewo: Lachinayi njereza idzakhala yaiwisi. Lachinayilo m'mawa ankatsika, n'kupala ya chaka chatha pamapewa a Mbusa, n'kumata yatsopano. Ankasungunula utoto m'timbale, kutsuka burashi imene amuna awo anasiya, n'kukhala pansi pafupi ndi nyale. Nthawi ndi nthawi ankadzuka kukakhudza khomalo ndi kunja kwa chala. Pomaliza ankati, "Yauma. Ambuye akalola, chaka chamawa." Ankakhuthula utoto uja n'kupita kukaphika mphodza za osauka.

Ine zinkandipweteka, abale, sindibisa. Amalinyero ankatiuza kuti munthuyo akujambula milungu yamaliseche m'nyumba zomwera vinyo, ndipo akamva uthengawo amangotembenukira kukhoma. Chaka china ndinalephera kupirira. Ndinati, "Mayi, mudzatha njereza yonse ya mu Roma. Munthu uja sabwera."

Anandiyang'ana n'kuseka ndi m'kamwa mwawo mopanda mano muja. "A Leonsio, inu mumakumbira anthu amene sanafe, ndipo palibe amakunenani misala. Ine ndisamatire bwanji munthu amene sanabwere?"

Ndinanyamula piki wanga n'kuchokapo.

Utabwera mliri uja, pamene anthu ankataya abale awo pamsewu akadapuma, mayi Sekundila ankatsimphina khomo ndi khomo ndi mtsuko wa madzi. Sankafunsa kuti uyu ndi Mkhristu kapena ayi, anafukiza kapena sanafukize. Ankasambitsa, kudyetsa, ndipo amene wamwalira ankam'tsekera manda ndi manja awo. M'nyumba ina anapeza bambo Akwilino ali okha, a pabanja pawo onse atathawira kumudzi. Anawasamalira mpaka anadzuka. Akuti tsiku lina bambowo anafunsa misozi ili m'maso, "Mukundivutikira chifukwa chiyani, ine amene ndinatcha amuna anu mbuzi?" Mayiwo anati, "Yasamulani, bambo, phala la balere silikoma likazizira."

Zaka zinapita. Msana unapindika, maso anachita khungu pang'onopang'ono, ndipo fumbi la njereza linawakhala m'chifuwa. Kumata manda anasiyira ena. Chokhacho chimene sanasiyire munthu ndi pamapewa a Mbusa paja.

Chaka chino anagona pamphasa kuyambira nyengo yozizira, ndipo tonse tinaona kuti ulendo wayandikira. Pofika nthawi yotuma uthenga, bambo Akwilino, nawonso nkhalamba yoyendera ndodo, anati amalinyero asavutike, apita okha. Anakwera ngolo ya bulu mpaka ku Ositiya. Anapeza a Zosimo ali pamakwerero m'nyumba yomwera vinyo, akujambula mphesa. Zimene analankhulana anatiuza okha atabwerako.

"Iwe Zosimo, tsika apo."

"Mwabwera kudzanditukwana, bambo?"

"Ndinakutukwana kale, zinatha. Lachinayi njereza idzakhala yaiwisi, ndipo amene amamata uja sadzamatanso."

A Zosimo anakhala pamakwerero n'kubisa nkhope. "Ndikaime bwanji pamaso pake? Iye anapirira, mwana anafera m'ndende, ine ndinatsina lubani ndi zala izi."

"Ine ndili ndi zipsera pamsana," anatero bambo Akwilino, "koma amene amadikiridwa chaka ndi chaka ndi iwe. Kwera ngolo, nkhalamba iwe, usandichedwetse."

Koma a Zosimo sanakwere. Bambo Akwilino anabwerera okha, ndipo palibe anali ndi mtima wowauza mayiwo. Iwonso sanafunse. Lachinayi m'mawa anati tiwanyamule. Tinawatsitsira kumanda pamachira, ine ndinapala ya chaka chatha, alongo awiri n'kuwagwira m'khwapa kuti aime. Maso sankaonanso, koma dzanja linkadziwa njira yake. Anamata bwinobwino, mosalala ngati kale. Atamaliza mpweya unayamba kuwathera, ndipo alongo anati tiwabweze kunyumba msanga. Pamachirapo anandigwira malaya. "A Leonsio, mutsale ndi nyale. Musachoke isanaume."

Ndinatsala, mtima uli kuwawa. Ndinkakhudza khomalo monga ankachitira iwo. M'mphepete munayamba kuuma, kuuma kuja n'kumalowera pakati. Ndinali nditagwira kale kambale kuti ndikhuthule utoto pamene ndinamva mapazi okwekwereza m'kanjira. Analowa munthu wokalamba, fumbi thupi lonse, nsapato zitaduka. Anali atayenda pansi kuchokera ku Ositiya. Sanandipatse moni. Anaona kabelu kaja pansi pa mapazi a Mbusa, anagwada, n'kukakhudza ndi chala. Kenako anafunsa osandiyang'ana, "Ikadali yaiwisi?"

"Pakati pokha," ndinatero. "Fulumirani."

Anatenga burashi yawo yakale ija, misozi ikugwera m'kambale. Poti malo aawisi anali atachepa, nkhosayo inatuluka yaing'ono, nthiti zili poonekera, khosi litagwera pachifuwa cha Mbusa. Atamaliza tinathamanga, ngati nkhalamba ziwiri zingathamange, mpaka kuoloka Tiberi.

Tinawapeza akadapuma, dzuwa likadali pakhoma. A Zosimo anaima pakhomo osalowa. Bambo Akwilino anawakankha ndi ndodo. A Zosimo anagwada pamphasa. Mayi Sekundila anafufuza dzanja lawo, nasisita zala zitatu zija, n'kuzifikitsa pamphuno. Zinali ndi utoto wauwisi.

"Mwajambula, bambo?"

"Ndajambula, mayi. Koma yaipa. Yatuluka yowonda."

"Nanga mumati ibwere yonenepa? Yotayika sibwera yonenepa." Anapuma pang'ono, dzanja lija osalisiya. "Mwadya koma? Alongo, apatseni buledi bambowa, achokera kutali."

Wansembe anabwera madzulo omwewo, namva kulapa kwa a Zosimo pamaso pa akazi awo. Mayiwo analandira Mgonero, ndipo Loweruka m'mawa, alongo akuimba salimo lija la kapolo wa ku Siriya, anagona tulo tawo mwakachetechete ngati munthu amene wamaliza ntchito ya tsiku.

Abale anga, mayiwa sanalalikirepo, sanasiye chuma, dzina lawo sankatha kulilemba. Chimene atisiyira n'chakuti tisafulumire kunena kuti munthu wauma. A Zosimo tsopano amaima pakhomo pamodzi ndi olapa, kudikira tsiku lawo lolandiridwa. Mukamalowa muziwapatsa moni, musamayang'ane kumbali. Chaona mnzako chapita, mawa chiona iwe.

Tinawagoneka m'kachipinda komwe kaja, pafupi ndi Irene. Titamata njereza tinafunsa a Zosimo ngati abwera ndi kanthu kokanikiza. Anasanthula m'malaya, koma anali atasiya zonse ku Ositiya. Anaima pamenepo manja ali lende, njereza ikuyamba kugwira. Apo mlongo wina anawagwira dzanja n'kunena mawu a mayi aja, "Kanikizani nokha, bambo, ikadali yaiwisi."

Mukatsikira kumeneko manda awo simungawasowe. Ali pansi pa Mbusa wosenza kankhosa kowonda, ndipo pa njereza pali zala zitatu.