Sanagwe, Ankaona Mzinda Wawo

Zinayamba Lachiwiri lina m'mwezi wa Novembala, chaka cha 2005, cha m'ma teni koloko m'mawa. Nthawi imeneyo ndinkasamalira okalamba pa nyumba ina ku Ilford, mumzinda wa London. Ndinalowa ndi tiyi m'chipinda cha bambo ena a ku Japan, n'kuwapeza atagona chafufumimba, tsaya lili pa kapeti.

Ndinathamangira kukawadzutsa, koma anandikaniza ndi dzanja.

"Gona apa, uone," anatero m'Chingelezi chawo chodukaduka.

Kwawo bambowa ankajambula mafilimu, aja a zilombo zikuluzikulu zopondaponda mizinda. Akazi awo atamwalira anatsata mwana wawo ku London. Pakona pa chipindacho anali atamanga kamzinda ka makatoni: nyumba zosanja, mlatho, mapolo a magetsi a timitengo ta machesi, mawaya a ulusi. Ukaimirira zinkaoneka zidole. Nditagona pambali pawo, nyumba zija zinatalika, msewu unapita kutali. Anandiuza kuti ntchito yawo inali imeneyo, kuika kamera pansi penipeni kuti chaching'ono chioneke chachikulu. Anakalamba akujambula chogona ndi chogwada, fumbi la nyumba zogumuka lili m'kamwa. Mawondo awo anali olimba ngati a ngamira.

Tili choncho, analowa manijala wathu, mayi amene anali atangobwera kumene.

"Agwa!" anakuwa.

Ndinafotokoza kuti sanagwe. Eni ake anadzuka okha, atagwira bedi, n'kumuweramira mwaulemu. Iye sanawayang'ane n'komwe. Anati pa nyumba ino wokalamba akapezeka pansi ndiye kuti wagwa, basi. Atawapezanso choncho kangapo, anati chowagwetsa ndi makatoniwo, ndipo achotsedwe.

Tsiku lochotsa makatoniwo litafika, manijala anandiitana masana, bambowo ali kochezera ndi anzawo. Anandipatsa matumba akuda a zinyalala. Ndinati sindingathe. Ndinapempha kuti ayambe wawafunsa eni ake, kapena aimbire mwana wawo.

"Sindinakufunse maganizo," anatero.

Mnzanga wina, mayi wa ku Zambia, anandikokera m'khonde.

"Imwe a Malawi, mwafunta? Mufuna kuchosewa nchito chifukwa cha makatoni? Bana banu bazadya mlatho?"

"Si makatoni, chemwali."

"Nanga ni chani, golide? Sekani pakamwa, mudala."

Ndinatseka pakamwa, koma matumba sindinawagwire. Manijala anachita yekha. Ndinaima pakhomo ndikumva nyumba zikuphwanyika. Kuti zikwane m'thumba ankaziponda ndi nsapato. Anatenganso lumo lawo ndi guluu, ati n'zoopsa.

Mpaka lero mtima umandiwawa. Ankatiphunzitsa kawirikawiri za ulemu wa okalamba, tikudya mabisiketi, tikuvomera ndi mitu. Koma kugwada kamodzi kokha kuti aone chimene munthu wamkulu ankaona, kunamukanika manijalayo. Munthu anawoloka nyanja, anasiya manda a mkazi wake, chinenero chake palibe ankachimva m'nyumba monsemo. Chimene chinamutsalira chinali pakona paja.

Ndine ndinawabweretsa bambo aja kuchipinda madzulo. Anayang'ana pakona nthawi yaitali. Pa kapeti panatsala kachidutswa ka ulusi. Anakhala pampando, manja pamawondo. Chakudya chamadzulo anachikankhira kumbali, mankhwala anamwa osatsutsa, ndipo kumvera kumeneko n'kumene kunandiopsa. Ndinali nditaonapo okalamba akayamba kutero. Sakhalitsa.

Ndinabwerera kunyumba pa basi. Mkazi wanga anandiyang'ana kamodzi, n'kundipatsa chakudya.

M'mawa mwake ndinalawirira. Ndinadzera kukhitchini ya kuntchito n'kutola makatoni a tiyi amene anali asanatayidwe. M'chipinda mwawo ndinakoka katebulo kamatayala kodyerapo, kaja kokweza ndi kutsitsa, n'kukakweza mpaka kanafika m'maso mwawo ali pampando. Ndinaimika katoni imodzi pamenepo. Anaiyang'ana, anapendeka mutu, anatsinzina diso limodzi. Kenaka anaisuntha pang'ono ndi chala.

"Lumo," anatero.

Ndinatseka chitseko. M'thumba la jekete ndinali ndi lumo la mkazi wanga losokera. Ndinkadziwa kuti manijala akaliona, ntchito yanga yatha. Ndinawapatsa, n'kupita kukayamba kusambitsa ena.