Zenera la Amayi

Bambo anga ndi osoka nsapato. Moyo wawo wonse akhala patsidya pa msewu wathu, pansi pa mtengo, ulusi kukamwa, maso pansi. Iwo amadziwira anthu ku mapazi. Sanakanganepo ndi munthu.

Amayi atafa ziwalo, tinawakokera bedi pazenera loona kumsewu. Ankatha tsiku akuonerera ana asukulu, njinga, ndi amuna awo ali weramu pantchito. Mazenera enawo amangoona kuchimbudzi.

Ndiye aneba, ogulitsa matayala, anamanga mpanda wa njerwa, kuuphatika pazenera penipenipo. M'chipinda munada bii. Bambo anapita kukadandaula, anawabwezera pageti. Anakasuma kukhoti, munthu woti sanavalepo tayi! Woweruza anati mpanda ugwe. Amayi anaseka ndi theka la pakamwa.

Aneba anachita apilo. Ine ndinkayesa apilo ndi nkhani ya sabata. Kuti? Mpanda sugwa mpaka khoti lalikulu liunikenso, ndipo kumeneko lero wina wadwala, mawa wina ali kumsonkhano. Bambo ankapita, kubwera, n'kuuza amayi kuti, "Akuti tidikire." Amayi ankangoyang'ana njerwa. Tinawaika m'manda mpanda uli chiimire.

Patapita miyezi, loya wa aneba anatipeza pabenchi kukhoti.

"Achikulire, tisatopetsane. Tigumula mpanda mpaka m'chiuno, mlandu uthere pomwepo."

Ine magazi anawira. "Bambo, musalole! Ugwe wonse. Munawina kale inu!"

Bambo sanandiyang'ane. "Mpaka m'chiuno, msewu uoneka?"

"Uoneka," anatero loya.

"Chabwino."

Anasayina ngati akusayinira munthu wina. Woweruza anatiyamikira chifukwa chomvana. Mumtima sindinamve kanthu, ukali uja unangozima wokha.

Amisiri atabwera kudzagumula, bambo sanadzuke pampando. Ankasoka lamba wa nsapato ya mwana. Masana dzuwa linalowa m'chipinda n'kugwera pamatiresi, fumbi lili koboo.

Ataweruka, bambo anaima pakhomo la chipindacho, osalowa.

"Msewu ukuoneka?"

"Ukuoneka, bambo."

"Nanga pamene ndimakhala paja?"

Ndinagona pabedi, n'kuika mutu pamene amayi ankaika wawo. Mtengo uja, mpando, bokosi la zida, zonse zinali poyera.

"Pakuoneka."

Anagwedeza mutu, n'kupita kukasamba.

M'mawa mwake ananyamula mpando ndi bokosi, n'kukaziika kuseri kwa nyumba, kufupi ndi chimbudzi. Mpaka lero amasokera komweko. Makasitomala amadandaula kuti sakuwaona.