Aneba Onunkhiza Malaputopu

Aneba anga a ku Kamwendo, amene amakonza mawailesi ndi malaputopu pakhonde pawo, sathamangira kumasula chinthu. Ukawapatsa laputopu yakufa amayamba ainunkhiza kaye atatsinzina, kenako amafunsa ngati adokotala: "Imagona kuti?"

Mwezi watha yanga idangoti zii, osayaka, m'kati muli mayeso oti ana a Fomu 2 alembe Lolemba. Ndidathamangira kwa iwo. Adaitsegula n'kuyandikitsa mphuno pa bolodi lam'kati.

"Aphunzitsi, kodi mumaisunga pamodzi ndi feteleza?"

Ndidavomera. Chitseko cha loko kwathu n'cha kuchipinda chokha, komwenso kumakhala feteleza, ndiye ndimaiika pamwamba pa matumba.

"Feteleza amakoka chinyontho. Taonani apa."

Adandionetsa timawaya todyeka, tobiriwira ngati ndere. Adatsuka ndi mswachi woviika mu sipiliti, n'kuwotchererapo kachitsulo kochepa ngati njere ya mpunga, kochotsa m'laputopu ina yakufa. Atadina batani, kanyali kadayaka.

Ine ndidawomba m'manja. Iwo sadaseke n'komwe, adangopukuta mswachi wawo.

"Musakaiikenso pamatumbapo, aphunzitsi. Ngakhale mutaithira matumba khumi, singabereke inzake."